Akufuna kusiya yunivesite kuti ajambule chimbale ngati Mumford & Sons

Mayi wina wa ku Lilongwe wandilembera ali ndi nkhawa. Mwana wawo wamwamuna ali chaka choyamba ku yunivesite, ndipo amaimba gitala limodzi ndi anzake atatu amene anadziwana nawo kukwaya. Tsopano akuti sukulu ikumuchedwetsa. Akufuna aisiye, ndipo akupempha mayi akewo kuti amutengere ngongole ku banki m'khonde yolipirira situdiyo kuti gulu lawo lijambule chimbale choyamba. Akamuletsa amatchula gulu la ku England lotchedwa Mumford & Sons, kuti mtsogoleri wake anasiya yunivesite ndipo chimbale chawo choyamba chinawatchukitsa dziko lonse. Mayiwa akufunsa kuti: kodi zimenezi n'zoona, nanga ndimuyankhe chiyani?

Mayi, mwana wanu sakunama. Marcus Mumford anaphunzira chaka chimodzi pa University of Edinburgh n'kubwerera ku London kukachita zoimba. Gulu lake, limene analiyambitsa mu 2007 pamodzi ndi Ben Lovett, Winston Marshall ndi Ted Dwane, linatulutsa chimbale chotchedwa Sigh No More mu Okutobala 2009, iye ali ndi zaka 22. Chamba chawo ndi folk rock, kutanthauza nyimbo zotengera maimbidwe akale a anthu akumudzi a ku Britain ndi America, za gitala yosalumikiza kumagetsi, banjo ndi mawu anayi ogwirizana, koma zoimbidwa mwamphamvu ngati rock. Chimbalecho chinagulidwa mamiliyoni. Zonsezi n'zoona. Komabe yankho langa ndi lakuti asasiye sukulu chaka chino, ndipo inu musatenge ngongoleyo. Zifukwa zake zili mu mbiri ya chimbale chomwecho chimene iye amachikonda, ndipo ndikufuna muwerengere limodzi.

Marcus atabwerera ku London sanathamangire ku situdiyo. Anayamba ndi kuimbira ng'oma mtsikana wina woimba, Laura Marling, n'kumayenda naye m'malo osiyanasiyana ali kumbuyo, dzina lake lisanadziwike. Winston Marshall ankakonza usiku wa zoimbaimba m'kamalo kakang'ono kotchedwa Bosun's Locker, kumene achinyamata ankasinthana zida n'kumayesa nyimbo zawo pamaso pa anzawo. Ben Lovett nayenso mu 2006 anali atayambitsa ndi mnzake usiku wina wotere, wotchedwa Communion, ku Notting Hill. Choncho pamene anayiwa ankakhala gulu limodzi, aliyense anali atazolowera kale kuima pamaso pa anthu, kunyamula zida, kuitana anthu kuti abwere, ndi kuona nkhope za omvera nyimbo ikapanda kuwagwira mtima.

Pakati pa 2008 ndi 2009 anatulutsa tizimbale titatu tating'ono, ta nyimbo zochepa chabe, kudzera ku kampani yaing'ono ya Chess Club. Anazungulira m'timaholo ndi m'mabala a ku Britain. Pofika Disembala 2008, BBC inawaika pa mndandanda wa oimba atsopano oyenera kuwayang'anira m'chaka cha 2009, asanakhale n'chimbale chachikulu ngakhale chimodzi. Nthawi imene ankalowa mu situdiyo ya Eastcote ndi Markus Dravs, katswiri wojambula nyimbo amene anagwirapo ntchito ndi Björk, Arcade Fire ndi Coldplay, nyimbo zambiri zinali zitaimbidwa kale pamaso pa anthu maulendo osawerengeka. Ankadziwa pamene anthu amayamba kuwomba m'manja ndi pamene amatembenuka kukagula chakumwa. Chimbale chinabwera pambuyo pa zaka ziwiri za ntchito imeneyi, kukhala ngati nkhokwe yomangidwa chimanga chitacha kale kumunda.

Mbali imene achinyamata saimva kawirikawiri ndi ya mmene chimbalechi chinalandiridwira. Sabata yoyamba ku Britain chinalowa pa nambala 11 pa mndandanda wa zimbale zogulidwa kwambiri. Si poipa, koma si kutchuka kumene mwana wanu akukuganizira. Amene anayamba kuchilandira ndi manja awiri anali anthu akutali, a ku Australia, kumene omvera wailesi ya Triple J mu Januwale 2010 anavotera nyimbo yawo ya Little Lion Man kukhala yoposa zonse za chaka cha 2009. Ku America chinatuluka mu Febuluwale 2010, ndipo tsamba lotchuka lounika nyimbo la Pitchfork linachipatsa mamalikisi 2.1 pa 10. Ganizirani kuti mwathera mtima wanu wonse pa ntchito, kenako anthu amene amamveredwa ndi okonda nyimbo dziko lonse n'kulengeza kuti mwalephera chonchi. Odzudzula ena ankati anyamatawa ndi ana a mabanja opeza bwino a mu London amene akuvala ngati alimi akale, ndipo kuti nyimbo zawo zonse zimayenda njira imodzi, kuyamba motsitsa n'kumaliza mofuula. Chidzudzulo chimenechi sichinawachoke mpaka lero, ndipo ine ndimaona kuti chili ndi choona chake pang'ono.

Mu 2010 chimbalechi chinasankhidwa kupikisana nawo pa mphoto ya Mercury, imene imaperekedwa chaka ndi chaka kwa chimbale chimodzi cha ku Britain kapena Ireland, koma inapita kwa gulu la The xx. Mu Febuluwale 2011 anapikisana pa mphoto ziwiri za Grammy ndipo sanapate ngakhale imodzi. Ya woimba watsopano inatengedwa ndi Esperanza Spalding. Koma usiku womwewo anaimba pamaso pa anthu mamiliyoni oonera wailesi yakanema, mpaka kuimbira limodzi ndi Bob Dylan, ndipo patangopita masiku ochepa analandira mphoto ya Brit ya chimbale chabwino koposa cha ku Britain. Apa m'pamene Sigh No More inakwera kufika pa nambala 2, ku Britain ndi ku America komwe. Kuchokera pamene chinatuluka panali patapita miyezi 16, ndipo miyezi yonseyo anyamatawa anali pamsewu, akuimba mzinda ndi mzinda.

Tsono funso limene ndikufuna mwana wanu aliyankhe moona mtima ndi ili: pa miyezi 16 yoteroyo, iye adzadya chiyani, ndipo ngongole adzabweza ndani? Banki m'khonde imafuna ndalama zake ndi chiwongola dzanja pakangopita miyezi yochepa, ndipo amene adzachite manyazi pamaso pa amayi anzake ndinu, mayi. A Mumford & Sons anali ndi pogwera zinthu zikanavuta. Marcus ndi Ben anaphunzira pa King's College School ku Wimbledon, sukulu yolipira ndalama zambiri. Bambo a Winston, Paul Marshall, ndi mmodzi mwa anthu olemera kwambiri pa bizinesi yoyendetsa ndalama ku London. Sindikunena izi pofuna kupeputsa khama lawo, chifukwa analimbikira zedi. Ndikunena kuti iwo akanalephera akanabwerera kusukulu kapena kupeza ntchito ina mosavuta, pamene malo a mwana wanu ku yunivesite anawapeza polimbirana ndi anzake masauzande amene anakhoza MSCE koma sanasankhidwe. Komanso mu 2009 anthu a ku Britain ndi America ankagulabe ma CD ndi kulipira nyimbo pa intaneti. Kuno kwathu nyimbo ikangotuluka imayenda pa WhatsApp ndi m'mamemori khadi popanda woimba kuona tambala, ndipo oimba ambiri amapeza ndalama akaimba pa mashoo, pa maukwati ndi pa zochitika za makampani. Chimbale chimathandiza kuti akuitane, koma pachokha sichibweza msanga zimene unalowetsa.

Pali chinthu chimodzi m'nkhaniyi chimene ndingakonde kuti mwana wanu achitengere ndithu. Anyamatawa analipira okha ndalama zojambulira chimbale chawo, kenako n'kupatsa makampani chilolezo chongochigulitsa: Island ku Britain, Glassnote ku America. Umwini wa zimene anajambula sanaugulitse pa tsiku loyamba chifukwa chofuna kutchuka msanga. Achinyamata athu ambiri amasainira pepala limene sanaliwerenge, kapena sasainira chilichonse, ndiye nyimbo ikaphulika mkangano umabuka pakati pa woimba, wojambula ndi amene anapereka ndalama. Gulu la anthu anayi liyenera kulemba papepala kuti nyimbo iliyonse anapeka ndani, ndalama zikabwera zigawidwa bwanji, ndipo wina akachoka dzina la gulu litsala ndi yani. Izi si zokayikirana. Ngakhale Winston Marshall anadzachoka m'gululi mu 2021. Akalembetsenso nyimbo zawo ku COSOMA, bungwe loteteza umwini wa ntchito za luso m'dziko muno, kuti zikamaseweredwa pa wailesi dzina lawo lizikhalapo pogawa ndalama.

Za sukulu nazonso, mwana wanu adziwe kuti dzina la chimbale chimene amachikondacho linachokera m'sewero la Shakespeare, mlembi yemwe uja ana athu amamudandaula pokonzekera mayeso a Fomu 4. Mawu a nyimbo zambiri za m'chimbalemo ndi a munthu amene anawerenga mabuku ndiponso anakulira m'nyumba ya Baibulo, pakuti makolo a Marcus anali atsogoleri a mpingo wa Vineyard ku Britain. Zimene anaphunzira anapita nazo m'nyimbo.

Mwina mwana wanu sadziwa kuti pali Mmalawi amene anajambulapo ndi gulu limeneli. Mu 2016 a Mumford & Sons ali ku South Africa anajambula kachimbale kotchedwa Johannesburg pamodzi ndi Baaba Maal wa ku Senegal, gulu la Beatenberg la ku Cape Town, ndi The Very Best, gulu limene woimba wake ndi Esau Mwamwaya, mwana wa kuno kwathu amene amaimba m'Chichewa. Esau anali woimba ng'oma asanapite ku London, ndipo kumeneko ankagulitsa katundu wogwiritsidwapo kale ntchito m'kasitolo kake. Anzake amene anadzapanga nawo The Very Best anakumana naye kudzera pa sitolo yomweyo. Chimbale chawo, Warm Heart of Africa, chinatuluka mu 2009, chaka chimodzimodzi ndi Sigh No More. Anali ndi chomudyetsa pamene luso lake linkadikira nthawi yake.

Tsopano ndilankhule ndi iwe, mphwanga. Ndikukhulupirira kuti umakonda nyimbo moona, ndipo sindikufuna uleke. Koma chimbale cha nyimbo khumi ndi ziwiri si poyambira. Sankhani nyimbo ziwiri kapena zitatu zimene mumazidalira, musonkherane ndalama nokha anayi kuchokera pa zimene mwaimba, mujambule zimenezo basi. Muziimba kulikonse kumene angakulandireni: pa zochitika za pasukulu, pa chinkhoswe, m'malo odyera kumapeto a sabata, ndipo pa holide mufunsire mwayi wotsegulira oimba akuluakulu kapena kuimba masana pa zikondwerero ngati Tumaini ku Dzaleka. Anthu akutchalitchi kwanu ndi abale ako adzakuyamikira nthawi zonse chifukwa amakukonda. Chimene ukufuna kudziwa n'chakuti kodi munthu wosakudziwa angalipire pakhomo kuti akumve, n'kudzabweranso ulendo wachiwiri atatenga mnzake. Yunivesite ndi malo abwino koposa oyesera zimenezi, chifukwa achinyamata mazanamazana ali pamalo amodzi, holo ilipo, ndipo pogona uli napo kale.

Ndikupemphenso kuti usamangomvera za ku London. Banjo imene imakusangalatsa mwa Mumford & Sons ili ndi mbiri yakeyake kuno: fufuza nyimbo za Alan Namoko ndi Chimvu Jazz, komanso umvere gitala ya Daniel Kachamba wa ku Chileka. Taona a Madalitso Band, anthu awiri okha, gitala, babatoni (besi ya chingwe chimodzi) ndi ng'oma yopondedwa ndi phazi, amene anaimba m'misewu ya Lilongwe kwa zaka zambiri asanayambe kuitanidwa ku Ulaya. Anthu akunja amene amawalipira kuti akawaimbire amafuna kumva chimene kwawo kulibe, ndipo gulu la ku Lilongwe loimba ngati anyamata a ku Wimbledon silidzawapatsa chimenecho.

Ngati pakatha chaka mukuitanidwa mwezi ndi mwezi ndipo ndalama zikulowa moti sukulu ndi zoimba zikulimbanadi, pita ku ofesi ya rejisitirala ukafunse malamulo opumira kaye maphunziro malo ako akusungidwa, ndipo chilolezocho uchitenge cholembedwa. Kungosowa m'kalasi osanena ndiye kutaya malo. Ngati unatenga ngongole ya boma ya ophunzira, kumbukira kuti idzafunika kubwezedwa kaya wamaliza digiri kaya ayi. Ndipo ngati vuto lenileni ndi lakuti kosi imene ukuchita sukuikonda, imeneyo ndi nkhani ina yoti tiikambe payokha: ku MUST ku Thyolo kuli digiri ya African Musicology, ku University of Malawi ku Zomba amaphunzitsa zoimba, ndipo ku Lilongwe komweko kuli Music Crossroads Academy kumene achinyamata amaphunzira zida ndi kuwerenga nyimbo.

Inu mayi, ndalama ya ngongole mukane, koma ulendo wina akakaimba mupite mukakhale kumbuyo. Muone kuti kwabwera anthu angati amene si abale kapena a kukwaya, ndipo mukabwerera kunyumba mumufunse kuti pakhomo panalowa zingati, zoyendera ndi zobwereka zida zinadya zingati, ndipo aliyense mwa anayiwo watsala ndi zingati. Muuzeni azilemba zimenezi m'kope pa shoo iliyonse, ndipo mudzakhalenso pansi ndi kopelo akamaliza mayeso a chaka chachiwiri.