Alamu, za chinamwali zija

Alamu, mwaswera bwanji? Funso lanu ndalimva, loti chinamwali chikazilala pamudzi, anamkungwi onse atatsikira kulichete, kodi chingadzukenso. Ndati ndingojambula mawu, polemba ndichedwa.

Chimadzuka, alamu. Kuno ku California, chakumpoto uko, kuli eni nthaka otchedwa a Hupa. Amakhala m'chigwa cha Hoopa, m'mbali mwa mtsinje wa Trinity. Iwowa ankavinira mtsikana akatha msinkhu, mwambo womwe pachingerezi amati Flower Dance. Ndiye azungu osaka golide atakhamukira kuno kuyambira 1849, kunali kupha anthu ndi kugwiririra atsikana. Kuvinira namwali poyera kunali ngati kumuika m'kamwa mwa mkango. Mu 1883 boma la America linaletsa magule a eni nthaka, ana n'kumatengedwa kupita kusukulu zogonera komweko, kumene ankalangidwa akayankhula chinenero chawo. Mwambo unangotsala m'mitu ya agogo owerengeka.

Koma mu 2001 amayi a Chihupa anakhala pansi n'kuti ayi, ana athu avinidwe. Anafunsa okalamba zomwe ankakumbukira, anakafukulanso zimene akatswiri ngati Pliny Goddard ndi Edward Sapir analemba kalekale pomva kwa makolo a Chihupa. Uyu kanyimbo, uyu kamwambo, mpaka zinalumikizana.

Ndipo alamu, mmene zimakhalira! Namwali amaphimba kumaso ndi nthenga zabuluu za mbalame. Amathamanga kukasamba kumtsinje, masiku mpaka 10, usiku anthu akumuimbira uku akugogoda timitengo topala nsonga. Chomwe chimandikhudza ine n'choti mwanayo sauzidwa kuti kusamba n'konyansa ayi. Amauzidwa kuti ali ndi mphamvu, mudzi wonse uli pambuyo pake. Ife ana athu akumva zimenezi kwa anzawo kusukulu, mwamantha, akubisa nsalu kuseri kwa bafa. Zimandiwawa.

Sindikuti tibweze zonse. Zija zokakamiza mwana kugona ndi mwamuna, kapena kumusiyitsa sukulu, zikhale komwe zinapita. Koma nyimbo, malangizo aukhondo, ulemu, zimenezo n'zathu.

Azakhali aakulu aja adakali ndi nyimbo m'mutu, ndinawamva akung'ung'udza akusinja chaka chatha. Loweruka muwatengere shuga ndi sopo, mukhale nawo pamphasa, mupemphe kaye ngati angalole kujambula. Zachinsinsizo musaponye m'gulu muno, muli azibambo ndi ana. Munditumizire kumbali, ya mayunitsi ndikutumizirani mawa.