Kodi Angerezi ndiwo anadzutsa anthu a ku Bengal?

Sabata yatha ndinalandira imelo kuchokera kwa aphunzitsi ena a kusekondale omwe amaphunzitsa mbiri yakale. Anawerenga kuti m'zaka za m'ma 1800 anthu a ku Bengal, kum'mawa kwa India, anagalamuka kwambiri pa maphunziro, zolembalemba, chipembedzo ndi sayansi, chonsecho ali pansi pa Angerezi. Ndiye akufunsa kuti: "Ngati kugalamukako kunadza nthawi ya atsamunda, kodi sindiye kuti utsamunda unawathandiza? Paja akulu anati mlendo amadza ndi kalumo kakuthwa. Mwana akandifunsa zimenezi m'kalasi ndimuyankhe kuti chiyani?"

Aphunzitsi, kalumoko kanadzadi, sindikana. Koma mlendoyo anabwera nako kudzameta chuma cha dzikolo. Amene anakatola n'kuyamba kukagwiritsa ntchito ina anali eni mudzi, ndipo ankatero akukangana ndi atsamunda mbali iyi, akuluakulu akwawo mbali inayo. Imeneyo ndiyo mfundo yanga, ndipo ndiyesa kukuonetsani pamene yaima.

Choyamba, anawo muwauze kuti Bengal sanali m'tulo. Nsalu zopyapyala zolukidwa ku Dhaka zinkagulidwa mpaka ku Ulaya. Ku Nabadwip kunali sukulu zotchuka za luso la kutsutsana ndi kusanthula mfundo m'chinenero cha Sanskrit. Alembi a m'makhoti ankalemba Chiperisiya. Kampani yamalonda ya Angerezi ya East India itapambana nkhondo ya ku Plassey mu 1757, inapatsidwa mphamvu yotolera msonkho mu 1765. Patangotha zaka zisanu kunagwa njala yoopsa ya 1770, imene akuti inapha pafupifupi munthu mmodzi mwa atatu alionse, koma msonkho unkatoleredwabe. Mu 1793 bwanamkubwa Cornwallis anakhazikitsa lamulo lopereka minda kwa eni malo otchedwa zamindar, bola azipereka ndalama yoikika kuboma chaka ndi chaka. Alimi anasanduka alendi pa nthaka ya makolo awo. Lamulo limeneli mulisunge m'mutu, tibwererakonso.

Nanga makina osindikizira mabuku ndi sukulu? Zilembo zoyamba zachitsulo za Chibengali anazisula Charles Wilkins pamodzi ndi mmisiri wa komweko, Panchanan Karmakar, kuti asindikize buku la malamulo a chinenerocho mu 1778. Bukulo linali la azungu a kampani, kuti azimva zonena za anthu amene ankawalamulira. Koleji ya Fort William ya mu 1800 inalinso yophunzitsa achinyamata ochokera ku Britain zinenero za ku India. Amishoni a ku Serampore, motsogozedwa ndi William Carey, cholinga chawo chinali Baibulo. Ndipo mu 1835 Thomas Macaulay, mmodzi wa akuluakulu a boma la atsamunda, analemba mosabisa kuti akufuna gulu la anthu okhala ndi khungu ndi magazi a Chiindiya koma maganizo ndi zokonda za Chingerezi, oti azikhala omasulira pakati pa olamulira ndi olamulidwa. Iwo ankafuna makalaliki. Koma koleji imene inatulutsa anthu ambiri oganiza, Hindu College ya mu 1817, inayambidwa makamaka ndi ndalama za anthu olemera a ku Calcutta eni ake, boma lisanayambe n'komwe kulipirira maphunziro otere.

Dzina limene mudzalipeze paliponse ndi la Ram Mohan Roy. Asanadziwe bwino Chingerezi anali atadziwa kale Chiperisiya, Chiarabu ndi Sanskrit, ndipo kabuku kake koyamba kotsutsa kupembedza mafano anakalemba m'Chiperisiya. Apa pokha mukuona kuti maganizo ake sanatsike m'sitima yochokera ku London. Analimbana ndi mwambo wa sati, wotentha mkazi wamasiye wamoyo pamodzi ndi mtembo wa mwamuna wake. Pakati pa 1815 ndi 1828 kaundula wa boma analemba amayi oposa 8,000 amene anafa motere m'chigawo cha Bengal. Kwa zaka zambiri kampani inkangoyang'ana, kuopa kuputa chipwirikiti chimene chikanasokoneza malonda. Roy anatsegula mabuku opatulika a Ahindu omwewo n'kuonetsa kuti sakakamiza mwambowu. Lamulo loletsa linadza mu 1829 pansi pa bwanamkubwa William Bentinck, ndipo gulu la Ahindu ofuna kusunga mwambowo, la Dharma Sabha, litakadandaula ku London, Roy anali komweko kuchirikiza lamulolo. Anamwalirira ku Bristol mu 1833. Munthu yemweyu ndi amene mu 1823 anatseka nyuzipepala yake ya Chiperisiya posonyeza kukwiya ndi lamulo la boma lomanga pakamwa atolankhani.

Koma amene ine ndimamulemekeza koposa ndi Ishwar Chandra Vidyasagar, mwana wa m'banja losauka la m'mudzi wa Birsingha, wobadwa mu 1820. Amasimba kuti manambala a Chingerezi anawaphunzira pa miyala yosonyeza mtunda m'mbali mwa msewu, akuyenda wapansi ndi bambo ake kupita ku Calcutta. Anakula n'kukhala katswiri wa Sanskrit, ndipo mpaka imfa yake ankavala nsalu wamba ndi nkhwaira, ngakhale polowa mu ofesi ya mzungu.

Taganizani mtsikana wa zaka zisanu ndi zinayi, wokwatiwa kwa mwamuna wachikulire amene mwina anangomuona tsiku la ukwati lokha. Mwamunayo akamwalira, mwanayo ankavula zokongoletsa zonse, kuvala nsalu yoyera moyo wake wonse, kudya kamodzi patsiku, osalawa nsomba m'dziko limene nsomba ndiyo ndiwo, ndipo masiku ena osala ankakanizidwa ngakhale madzi. Kuletsa sati kunapulumutsa amayi kumoto, koma kunawasiya m'moyo umenewu. Vidyasagar anafufuza m'mabuku akale mpaka anapeza ndime yolola mkazi wamasiye kukwatiwanso, n'kulemba nkhaniyo m'Chibengali chomveka kwa aliyense. Kalata yake yopempha boma inasainidwa ndi anthu osakwana 1,000, pamene yotsutsa inasainidwa ndi oposa 30,000. Lamulo linadutsabe mu 1856. Chimene chimandigwira mtima ndi zimene anachita lamulo litadutsa. Ankalipira yekha maukwati a amayi amasiye mpaka kulowa m'ngongole zazikulu, anthu ankamutukwana mumsewu, ndipo mu 1870 mwana wake weniweni atakwatira mkazi wamasiye, iye anavomereza ndi mtima wonse ngakhale abale ena anakwiya. Anatsegulanso sukulu za atsikana zoposa 30 m'midzi, ndipo boma litazengereza kulipira aphunzitsi, anayamba kusonkhetsa ndalama yekha. Kabuku kake ka a-e-i-o-u ka Chibengali ka mu 1855 ana akuphunzirirabe mpaka lero. Inu aphunzitsi mukudziwa kulemera kwa chinthu chotere kuposa ine.

Pali chinanso chimene Macaulay sanachiyembekezere. Anyamata oyamba a ku Hindu College, makamaka ophunzira a mphunzitsi wachinyamata Henry Derozio, anatengeka kwambiri ndi za ku Ulaya, ena mpaka kumadya nyama ya ng'ombe poyera kuti akhumudwitse makolo. Derozio anachotsedwa ntchito mu 1831 ndipo anamwalira ndi kolera chaka chomwecho ali ndi zaka 22. Michael Madhusudan Dutt, amene anaphunzira pakolejipo pambuyo pake, analowa Chikhristu ndipo ankalota zokhala mlakatuli wamkulu wa Chingerezi. Ndakatulo zake za Chingerezi sizinapite patali. Atabwerera ku chinenero cha amayi ake ndi pamene analemba ndakatulo yaitali ya mu 1861 imene inasintha kalembedwe ka Chibengali, ndipo ali ku France, wosauka ndi wosungulumwa, ankalakatula za mtsinje wa kumudzi kwawo, Kapotaksha. Bankim Chandra Chattopadhyay nayenso buku lake loyamba la nthano analilemba m'Chingerezi, kenaka n'kutembenukira ku Chibengali mu 1865. Nyimbo yake ya Vande Mataram ndiyo inadzamveka m'misewu mu 1905, bwanamkubwa Curzon atagawa Bengal pawiri, anthu akutentha nsalu zochokera ku Manchester. Rabindranath Tagore, amene analandira mphoto ya Nobel mu 1913, woyamba kuilandira pa zolemba kunja kwa Ulaya, anakulira m'nyumba imene ana ankayamba aphunzira m'Chibengali. Ulemu umene mfumu ya Britain inam'patsa anaubweza mu 1919 asilikali atapha anthu ku Amritsar. Ngakhale wasayansi Jagadish Chandra Bose anagwira ntchito zaka zitatu pa Presidency College akukana kulandira malipiro, chifukwa ankamupatsa ochepa kuposa azungu a ntchito yomweyo.

Tsopano tibwerere ku lamulo la 1793 lija, chifukwa ndikakubisirani ichi ndiye kuti ndakunamizani. Ambiri mwa anthu ogalamukawa anali a gulu lotchedwa bhadralok: Ahindu a mafuko apamwamba, okhala ku Calcutta, odya ndalama za lendi yochokera kwa alimi kapena malipiro a ntchito za boma la atsamunda. Chuma cha banja la Tagore chinachokera kwa agogo ake a Rabindranath, Dwarkanath, amene anali ndi minda yambiri ndipo ankachita malonda limodzi ndi Angerezi. Asilikali a Chiindiya ataukira mu 1857, ophunzira ambiri a ku Calcutta anaima ndi boma. Asilamu, amene anali ochuluka kum'mawa kwa Bengal ndipo ambiri anali alimi, anatsalira kunja kwa nkhaniyi kwa nthawi yaitali, ndipo mabuku ena a Bankim amawajambula ngati adani. Bala limenelo linadzatuluka mafinya pambuyo pake. Mayi wa Chisilamu Rokeya Sakhawat Hossain anachita kuyamba yekha sukulu ya atsikana a Chisilamu ku Calcutta mu 1911.

Alimiwo sanadikire kuti wina awadzutse. Azungu a minda ankawakakamiza kulima indigo, mbewu yopangira utoto wabuluu, pa nthaka yawo yabwino yoyenera mpunga. Ankawapatsa ndalama yoyambira imene inkasanduka ngongole yosatha, yochoka kwa bambo kupita kwa mwana, ndipo wokana ankamenyedwa kapena kutsekeredwa. Amene anamva kwa agogo za thangata la m'maesiteti a ku Thyolo ndi Chiradzulu sangavutike kumvetsa. Mu 1859 alimi a ku Nadia anangoti sitibzalanso, ndipo kukanako kunafalikira maboma ena. Apa ndi pamene ophunzira ena anachita chinthu cholemekezeka. Harish Chandra Mukherjee ankalemba nkhanza zimenezi m'nyuzipepala yake ya Hindoo Patriot, ndipo Dinabandhu Mitra, wogwira ntchito ku positi ofesi amene anaziona ndi maso m'maulendo ake, analemba sewero loziulula mu 1860. Litamasuliridwa m'Chingerezi, mbusa James Long amene analifalitsa anamangidwa mwezi umodzi ndi kulipitsidwa marupi 1,000, ndipo mnyamata wina wolemera, Kaliprasanna Singha, analipira chindapusacho pomwepo m'khoti. Koma oyamba kukana anali anthu a m'midzi eni ake.

Mwana uja akadzakufunsani, mungamuuze zonsezi, koma ndikupemphani kuti mumusimbirenso za mayi mmodzi, Rassundari Devi. Anakwatiwa ali ndi zaka 12 m'mudzi wa Ramdia, kutali ndi Calcutta, m'nyumba yaikulu mmene ankaphikira anthu ambirimbiri kuyambira m'bandakucha mpaka usiku, nkhope itaphimbidwa ndi nsalu. Masiku amenewo anthu ankakhulupirira kuti mkazi akaphunzira kuwerenga, mwamuna wake amwalira. Iye ankalakalaka kuwerenga yekha buku lina lachipembedzo losimba za moyo wa Chaitanya, mtsogoleri wakale wachipembedzo cha Chihindu. Tsiku lina mwamuna wake anasiya bukulo kukhitchini. Mabuku a nthawiyo anali mapepala osasoka, omangidwa pakati pa timatabwa tiwiri, choncho anasololamo tsamba limodzi n'kulibisa pafupi ndi mafuwa. Anatenganso tsamba la mgwalangwa limene mwana wake wamkulu ankaphunzirirapo kulemba. Akuphika, ankatulutsa masamba awiriwo pansi pa nsalu yake, kuyerekeza chilembo ndi chilembo, akukumbukira zimene anamva ali mwana pamene anyamata ankaloweza zilembo pakhonde la kwawo. Wina akamayandikira ankabisa msanga. Analibe mphunzitsi, ndipo Chingerezi sankachidziwa ngakhale liwu limodzi. Kuwerenga kunam'tengera nthawi yaitali, kulemba anadzaphunzira patapita zaka zambiri, mmodzi mwa ana ake atadandaula kuti sayankha makalata ake. Mbiri ya moyo wake, imene analemba yekha, inasindikizidwa ku Calcutta mu 1876, ndipo imawerengedwa kuti ndiyo yoyamba yathunthu ya mtundu umenewu m'Chibengali.