Kodi Voyager mafuta ake satha bwanji zaka zonsezi?

Achimwene mwafunsa kuti zombo ziwiri za mumlengalenga za Voyager zikuyendera mafuta anji poti zinanyamuka 1977 koma mpaka lero sizinaime, ndiye ndaona ena mumakomentimu akuti ndi sola, ayi ndithu si sola. Choyamba kuyendako sikufuna mafuta, kumwambako kulibe mpweya woti uchibweze chombo, chikangokankhidwa kamodzi basi chizingopita. Liwiro lambiri zinalitenga podutsa pafupi ndi mapulaneti akuluakulu, pulaneti imachikoka chombocho n'kuchiponyera kutsogolo. Voyager 2 inadutsa choncho pa Jupiter mu 1979, Saturn 1981, Uranus 1986, Neptune 1989, ndipo mpaka pano palibenso china chomwe chinakafika ku Uranus ndi Neptune. Timafuta tilimo pang'ono inde, koma ntchito yake n'kungotembenuza chombo kuti dishi iziloza kuno.

Nkhani yavuta ndi ya magetsi. Ku Neptune dzuwa limawala mofooka ka 900 kuyerekeza ndi kuno ndiye sola ungatani nayo? Juno, chombo china chomwe anachitumiza ku Jupiter, inalimba mtima ndi sola, koma mapanelo ake ndi zimphona. Mu Voyager anaikamo plutonium, chitsulo chomwe chimatentha chokha usiku ndi usana, kutenthako n'kumene amakusandutsa magetsi. Ponyamuka chombo chilichonse chinali ndi mawati pafupifupi 470 koma chaka chilichonse amatsika ndi 4, ndiye a NASA, bungwe la ku America lomwe linatumiza zombozi, akhala akuchita loadshedding yawoyawo, kuzimitsa chida ichi, mawa hita iyo, makamera a Voyager 1 anazimitsa kalekale mu 1990.

Chomwe chimandizunguza mutu ine ndi cha November 2023. Voyager 1 inayamba kutumiza zinthu zopanda mutu, kachipu kamodzi ka mukompyuta yake katafa. Simungatume mekaniki kumeneko, nthawi imeneyo uthenga wokha unkatenga maola pafupifupi 23 kuti ukafike, yankho enanso 23, ndiye ukalamula Lolemba m'mawa umadzamva Lachitatu ngati zatheka. Akatswiri a NASA anagawa pulogalamu yomwe inali pakachipuko tizidutswatizidutswa n'kukabisa m'malo ena a memory, pofika April 2024 chombo chinayambanso kuyankhula zomveka, pa kompyuta ya m'ma 1970 amwene. Amachimvera ndi madishi a mamita 70 ku California, Madrid ndi Canberra, ndipo chidzasiya kumveka magetsi akadzachepa kwambiri, koma kuyenda kokha chizidzayendabe.