Tiyankheni Akonzi: Makauboyi a ku Italy ndi America wa m'nthano

Mwezi uno makalata a ku Zomba abwera ndi nkhani imodzi: mafilimu akale aja a anthu a zipewa zazikulu, mahatchi ndi mfuti za m'chiuno. Tasankhapo asanu.

Akonzi, pamalo pathu poonera vidiyo tatsutsana mpaka mawu kusasa. Mnzathu wina akuti filimu ya Clint Eastwood ija, yomwe amavala chofunda chobowola pakati, si ya ku America koma ya ku Italy. Kodi ku Italy kuli makauboyi? — Wowerenga wa ku Chinamwali

Achimwene, mnzanuyo mumugulire Fanta, wapambana. Ku Italy kulibe makauboyi ngati a ku America aja, koma pakati pa 1964 ndi 1978 kunapangidwa mafilimu a makauboyi oposa 400. Imene mukunenayo ndi A Fistful of Dollars ya 1964, ndipo anaitsogolera ndi Sergio Leone, mbadwa ya ku Rome. Ndalama zinachokera ku Italy, Spain ndi West Germany. Eastwood panthawiyo anali mnyamata wa m'masewero a pa TV, ndipo analandira madola 15,000 basi.

Chifukwa chake chinali malonda. Anthu a ku Ulaya ankawakonda makauboyi, koma ku Hollywood anali atachepetsa kuwapanga. Mu 1962 a ku Germany anayesa kujambula awoawo ku Yugoslavia ndipo anapha makwacha, a ku Italy n'kuona kuti msika ulipo. Zochitika m'nyumba ankajambulira ku Rome, m'masitudiyo ngati Cinecittà, pamene za panja ankapita nazo ku Spain: kufupi ndi Madrid, komanso ku chipululu cha Tabernas m'chigawo cha Almería, komwe dzuwa ndi la ulere ndipo aganyu anali otchipa. Poopa kuti anthu akana katundu wa pakhomo, anadzibisa ndi mayina achingerezi. Leone analembedwa kuti Bob Robertson, woyimba Ennio Morricone anakhala Dan Savio. Dzina la mafilimuwa loti spaghetti western, lochokera ku chakudya cha ku Italy chotchedwa spaghetti, linayamba ngati chipongwe, kenako linakakamira.

Ndipo nkhani ya filimuyo si ya ku America kapena ku Italy. Leone anaitenga mu Yojimbo, filimu ya 1961 ya Akira Kurosawa wa ku Japan, osapempha. Eni ake anakasuma, ndipo mlanduwo unachedwetsa filimuyi kufika ku America mpaka 1967.

N'chifukwa chiyani m'mafilimu amenewa milomo imanena china, mawu n'kumamveka china? Kapena makope athu ndi obera? — Mayi wa ku Matawale

Ayi mayi, ngakhale kope lenileni lili choncho. Ku Italy ankajambula zithunzi zokha, mawu onse n'kudzawaika pambuyo mu situdiyo. Pa chochitika chimodzi mumatha kupeza wina akulankhula Chingerezi, womuyankha Chitaliyana, wachitatu Chisipanishi. Kenako ankakonza makope osiyana a chilankhulo chilichonse. Wolemba mawu a Chingerezi ankakhala ndi ntchito yakalavulagaga, kufunafuna mawu otseka milomo pamene wosewerayo watseka milomo. Penapake zinkatheka, penapake ayi. Amene munazolowera mafilimu omasuliridwa ndi ma DJ athu m'Chichewa musadabwe, njira yake ndi yapachibale, kungoti awo ankachotseratu mawu oyamba.

Kuipa kwake mwakuona. Ubwino wake ndi wakuti phokoso lililonse linkachita kusankhidwa: kulira kwa mfuti kokokomeza, nsapato pathabwa, mphepo. Filimu ya Once Upon a Time in the West ya 1968 imayamba ndi mphindi zoposa 10 za anthu atatu akudikira sitima, ndipo zimene mumamva kwambiri ndi dontho la madzi pachipewa, ntchentche, ndi chitsulo chopukusa madzi chikulira. Popeza mawu anali ovuta, anawachepetsa, n'chifukwa chake mwini filimu amangoti duu, ndudu ili pakamwa. Mpata wotsalawo anaudzaza Morricone. Poyamba panalibe ndalama zolembera gulu lalikulu la oyimba, choncho anagwiritsa ntchito likhweru la Alessandro Alessandroni, gitala yamagetsi, mabelu, chikwapu ndi lipenga. Pofika 1968 nyimbo zinkayamba kujambulidwa filimu isanayambe, n'kumaziyimba pamalo ojambulira kuti osewera ndi kamera aziyenda motsatira nyimbo.

Ndine mphunzitsi wa mbiri yakale. Ana amandifunsa ngati kumadzulo kwa America kunalidi chonchi, anthu kumangowomberana pamsewu masana dzuwa likuswa mtengo. Ndiwayankhe bwanji? — Mphunzitsi wa ku Domasi

Aphunzitsi, auzeni kuti pali zinthu zitatu zosanjikizana: zimene zinachitika, nthano imene anthu a ku America anadzipangira, ndi nthano ina imene a ku Italy anamanga pamwamba pa nthanoyo.

Zimene zinachitika n'zazifupi. Nyengo yokusa ng'ombe kuchokera ku Texas kupita kunjanji ku Kansas inatenga zaka ngati 20, kuyambira cha mu 1866 mpaka m'ma 1880, pamene waya waminga ndi njanji zinaitseka. Kauboyi anali m'busa waganyu, wolandira pafupifupi dola imodzi patsiku. Ena mwa iwo anali a ku Mexico, amene ndiwo anayambitsa luso lenilenilo, ndipo akatswiri ena a mbiri amati mmodzi mwa anayi alionse pa maulendo amenewo anali wakuda. Matauni ngati Dodge City ndi Tombstone anali ndi malamulo oletsa kuyenda ndi mfuti m'tauni. Kuwomberana kotchuka kwa pafupi ndi khola la mahatchi la O.K. Corral ku Tombstone mu 1881 kunatenga masekondi pafupifupi 30, kunafa anthu atatu, ndipo sikunali kwa awiri oyang'anizana modikirana ngati m'filimu. Chachikulu chimene mafilimu amachizemba n'chakuti dzikolo silinali lopanda anthu. Eni nthaka analandidwa malo, kuphedwa, otsala n'kutsekeredwa m'madera owapatulira.

Nthano ya ku America inalembedwa bwino mu 1893 ndi katswiri wa mbiri yakale Frederick Jackson Turner, amene anati khalidwe la mtundu wawo linaumbidwa ndi kusunthira malire kumadzulo. M'mafilimu akale a ku Hollywood mumaona zimenezo: ngolo za mabanja, tchalitchi chikumangidwa, mphunzitsi wafika, ndipo munthu wa mfuti amapha kuti mudzi ukhale pamtendere.

A ku Italy anatenga chipewa, hatchi ndi mfuti, koma chikhulupirirocho anachisiya. Leone anabadwa mu 1929, anakulira mu ulamuliro wankhanza wa Mussolini ku Italy ndipo anaona nkhondo yachiwiri ya dziko lonse ndi maso. M'mafilimu a m'badwo wakewo mkulu wa polisi ndi wogulika, mwini banki ndi mbava, ndipo mwini filimu amasaka anthu kuti akalandire mphotho. Onetsetsani: makauboyi amenewa simudzawaona kawirikawiri akuweta ng'ombe. Eni nthaka aja nawo saoneka kwenikweni. M'malo mwake nkhani zimachitikira kumalire a Mexico, chifukwa midzi ya nyumba zopaka laimu ya ku Spain inkafanana ndi kumeneko popanda kumanga chilichonse. Kuchokera apo kunabadwa gulu lina la mafilimu onena za kuukira boma kwa ku Mexico kwa 1910 mpaka 1920, momwe mlimi wosauka amaphunzira kuti mlendo womuthandizayo ali ndi zolinga zake. Kumeneko kunali kukamba ndale za m'ma 1960 mobisalira m'chipewa.

Sergio Corbucci, wotsogolera mafilimu wina wa ku Italy, ndiye anafika nazo patali. Django wake wa 1966 akulowa m'tauni yamatope akukoka bokosi la maliro, ndipo filimuyo inaletsedwa ku Britain mpaka 1993 chifukwa cha nkhanza. Mu The Great Silence ya 1968 anachotsa chipululu n'kuikapo chipale chofewa, ndipo lamulo lija ana amalidziwa pamtima, loti mwini filimu safa, analiphwanya.

Mukafuna chitsanzo cha m'kalasi, tengani The Good, the Bad and the Ugly ya 1966. Nkhondo yapachiweniweni ya ku America ya 1861 mpaka 1865, imene ili m'filimuyi, inachitikadi, ndipo mu 1862 inafikadi ku New Mexico. Koma mlatho akuuphulitsa ndi timitengo tooneka ngati dainamaiti, chinthu chimene Alfred Nobel anachilembetsa mu 1867. Mfuti za m'chiuno za nthawiyo zambiri zinali ngati gogodela: m'bowo lililonse mwa asanu ndi limodzi umathira onga, kukanikiza chipolopolo, n'kuika kachitsulo koyatsira onga kumbuyo, ntchito ya mphindi zingapo. M'filimu akungolowetsa zipolopolo zamakono. Manda aakulu ozungulira a kumapeto aja anamangidwa ndi asilikali a ku Spain kufupi ndi Burgos. Ife tikuona kuti si bodza loti ana azinyansidwa nalo. Ndi nthano ngati za kalulu, kumene wochenjera amadya za wamphamvu, ndipo palibe amene amafunsa mudzi umene kalulu ankakhala.

Ndili ndi malo oonetsera vidiyo. Ndikaika mafilimu amenewa, pena munthu mmodzi amasowa m'mphepete, pena anthu amatalika ngati nsungwi. Vuto ndi TV kapena filimu? — Bambo wa ku Mpondabwino

Bambo, vuto ndi makonzedwe a TV. Mafilimu a makauboyi a Leone anajambulidwa ndi njira yotchedwa Techniscope. Pa filimu ya 35 mm chithunzi chimodzi chimatenga timabowo tinayi ta m'mbali. Njira iyi inkatenga tiwiri. Mpukutu wa mamita 305 umene umatha m'mphindi 11 unkafika mphindi 22, ndalama ya filimu n'kutsika ndi theka. Chithunzi chake chimatuluka chotambalala, mulifupi pafupifupi 2.35 pa msinkhu 1. TV yakale ya chimimba ndi 4 pa 3, choncho mukadzaza sikirini mwataya magawo 43 pa 100 alionse a chithunzi. Pa TV yafulati ya 16 pa 9 mumataya pafupifupi kota. Leone ankakonda kuika munthu kumapeto kwenikweni kwa chithunzi, ndiye woyamba kudulidwa ndi ameneyo.

Pitani pa Picture Size kapena Aspect Ratio, musankhe Original kapena Just Scan, osati Zoom kapena Stretch. Muonenso pa DVD kapena dekoda kuti mtundu wa TV walembedwa molondola, chifukwa zikasemphana ndi pamene anthu amasanduka nsungwi. Mizere yakuda pamwamba ndi pansi isiyeni, ngakhale makasitomala adandaule. Timadontho tokhala ngati mchenga pachithunzi si kuwonongeka, n'chifukwa chokulitsa chithunzi chaching'onocho. Ngati kope linadulidwa kale ndi amene analikopera, palibe batani lobweza. Mudziwenso kuti filimu ya The Good, the Bad and the Ugly ija ili ndi kope la mphindi 161 ndi lina lotalikirapo la 2003, momwe Eastwood ndi wosewera mnzake Eli Wallach anaikamo mawu atakalamba. Mawu akasintha mwadzidzidzi, sipika yanu ilibe mlandu.

Ndife gulu la zisudzo, tili ndi mafoni awiri. Tikufuna kujambula anthu awiri akudikirana kuti asolole mfuti, monga m'mafilimu aja. Tiyambire pati? — Achinyamata a ku Chikanda

Yambani ndi amfumu ndi apolisi. Mfuti ya chidole imaoneka yeniyeni patali, choncho dziwitsani eni dera tsiku lisanafike, ndipo yeniyeni isayandikire n'komwe. Malo ake musakwere kuphiri, mitengo ya paini ndi nkhungu sizikupatsani chipululu. Tsikirani kuchigwa cha ku Chilwa mu Seputembala kapena Okutobala, kumene nthaka ndi yosalala ndipo diso limafika kutali.

Jambulani mzere pansi kuchokera kwa wosewera woyamba kufika kwa wachiwiri, mamita ngati 15, ndipo kamera ikhale mbali imodzi ya mzerewo mpaka mutamaliza. Mukaudumpha, onse awiri adzaoneka akuyang'ana mbali imodzi ndipo oonera adzasokonezeka. Kwa aliyense jambulani zithunzi zisanu: thupi lonse, kuyambira m'mawondo, nkhope, dzanja pafupi ndi mfuti, ndi maso okha. Onjezani chimodzi chapatali chosonyeza onse awiri. Chilichonse chikhale masekondi 20 kapena kuposa, foni ili pa choimikira, chifukwa m'manja imanjenjemera.

Pamaso ndi pamene ambiri amalakwa. Mukayandikitsa foni kumaso, mphuno imakula ngati mbatata. Imani patali mita imodzi ndi theka, mugwiritse kamera ya 2x kapena 3x ngati foni ili nayo. Chipewa chimaika mthunzi pamaso, ndiye wina agwire katoni yomata pepala lonyezimira, aziwalitsira nkhope kuchokera m'munsi. Dinani pankhope kwa kanthawi kuti foni itseke kuwala ndi fokasi, apo ayi chithunzi chizingosinthasintha. Mafuta ophikira pang'ono ndi madzi owaza zimapereka thukuta losauma msanga.

Mawu a pamalopo atayeni, mphepo ya ku Chilwa idzakhala itawawononga kale. Kajambuleni m'chipinda usiku: nsapato pamchenga wa m'beseni, lamba wachikopa akukhwinyata, likhweru, ng'oma imodzi. Nyimbo za Morricone zili ndi eni, mukaziika pa YouTube filimu yanu ikhoza kutsekedwa kapena ndalama zake kupita kwa iwo; pezani woyimba bangwe kapena gitala akupangireni yanu. Podula, yambani ndi zithunzi za masekondi 6, mutsike ku 4, ku 2, ku 1, mpaka theka la sekondi, mukuyandikira kumaso. Nyimbo muidule mwadzidzidzi. Kuwombera kwenikweniko kusapitirire masekondi awiri, ndipo wogwayo mumuonetse ali patali.