Mtsikana wa ku Nkhotakota angakhale bwana ku MRA?

Sabata yatha ndinalandira imelo kuchokera kwa mtsikana wina wa ku Nkhotakota. Anamaliza dipuloma ya akaunti, pano amasunga mabuku pachigayo cha mpunga, koma mtima wake uli ku MRA (Malawi Revenue Authority), bungwe lotolera misonkho ya boma. Amalume ake akuti ntchito ya msonkho ndi ya amuna, komanso imadanitsa ndi abale. Iye akufunsa: "Kodi mkazi angakwere mpaka kukhala bwana kumeneko, kapena ndingotaya nthawi?"

Achemwali, angakwere ndithu. Koma amalumewo musawanyoze. Anthu a msinkhu wawo anakula akumva za msonkho wa atsamunda, pamene amesinjala ankalowa m'mudzi amuna n'kuthawira kutchire, akazi n'kugwidwa ngati chikole. Kwa iwo wokhometsa msonkho ndi mwamuna wa ndodo. Lero ndodoyo ndi kompyuta: a nthambi ya kasitomu amagwiritsa ntchito pulogalamu ya ASYCUDA, a misonkho ya m'dziko muno ya Msonkho Online, ndipo palibe batani lofuna mphamvu zachimuna.

MRA inakhazikitsidwa ndi lamulo la 1998 ndipo inayamba ntchito mu 2000, ataphatikiza nthambi ya kasitomu ndi ya msonkho wa pa malipiro ndi phindu. N'chifukwa chake makomo akuluakulu olowera ndi awiri: wina amayamba ndi katundu wodutsa m'malire, wina ndi PAYE (msonkho wodulidwa pa malipiro), VAT (msonkho wa pa zogula) ndi kufufuza mabuku a makampani. Pamwamba pali Commissioner General ku Msonkho House ku Blantyre. (Tikiti ya pamsika ija ndi ya khonsolo, si ya MRA, ambiri kuno ku Salima amasokoneza.)

Chimene ndikufuna mumvetse n'chakuti amayi amene mumawaona pa TV akufotokoza za misonkho sanayambire pampando wa ndalema. Ambiri anadya fumbi pachipata ngati cha Mwanza, Dedza, Mchinji kapena Songwe, kuwerenga makatoni m'thiraki dzuwa likuswa mtengo, dalaivala akuwatchula "asisi" ngati akucheza ndi wogulitsa mandasi. Ndiye pamabwera transifa. Apa ndi pamene akazi ambiri amatsalira, osati chifukwa cha nzeru ayi. Kalata ikafika yoti mupite ku Songwe, mwana ali sitandade 3, bambo akunyumba ali pantchito ku Dwangwa, apongozi ayamba kale kufunsa kuti banja lotani lokhala pawiri. Mwamuna akasamutsidwa anthu amati wakwezedwa; mkazi akasamutsidwa amati wathawa banja. Ngati pali chibwenzi, nkhaniyi mukambirane pano, ankhoswe asanakumane.

Za kudana ndi abale, amalume akunena zoona pang'ono. Tsiku lina mudzapeza sitolo ya msuweni wanu ikugulitsa osapereka lisiti la VAT. Madzulo kudzafika thumba la mpunga wa faya ndi chambo chowamba, ati "n'ka ndiwo chabe". Mukalandira kamodzi, mwagulidwa, ndipo mbiri yotere imakutsatani mpaka tsiku la intavyu ya udindo. Ine ndimaona kuti mkazi sakhululukidwa msanga pa zoterezi ngati mmene amachitira ndi amuna, ngakhale ena anditsutse.

Lamulo la Gender Equality Act la 2013 limati polemba ntchito m'boma, amuna kapena akazi asachepere 40 pa 100 alionse. Limathandiza kutsegula chitseko, koma mayeso silikulemberani. Dipuloma yokha ikusiyani panjira. Pitirizani ndi maphunziro a akaunti a ICAM kapena ACCA, kaya digiri ku yunivesite ya MUBAS, ndipo werengani Taxation Act ndi Customs and Excise Act mpaka muzitha kufotokozera agogo anu m'Chichewa. Ntchito imalengezedwa poyera. Wina akakuimbirani kuti mutumize ya fanta pa Mpamba kapena Airtel Money kuti akulowetseni, ameneyo ndi wakuba.

Pachigayopo musapaone ngati podikirira basi. Pemphani abwana anu akuonetseni TPIN (nambala ya wokhoma msonkho) ya bizinesiyo ndi mmene amadulira PAYE ya antchito, mwezi wamawa mudzaze nokha mafomuwo. Chaka cha boma chimayamba pa 1 Epulo, ndiye bajeti ikamawerengedwa ku Nyumba ya Malamulo muzitchera khutu pa zimene zasintha pa misonkho. Mukakakamira pena, ndilembereninso.