Mwana wanga amusiya pa maphunziro a uphunzitsi, ndikasume?

FUNSO: Mwana wanga wamkazi anakhoza MSCE ndi mapointsi 16 ndipo anafunsira maphunziro a uphunzitsi wa kusekondale kuyunivesite ya boma. Mayina atatuluka lake munalibe, koma mnzake wa mapointsi 19 amutenga. Ndimathyola tiyi, ya loya ndilibe. Kodi ndikasume kukhoti la pa boma pano?
Mayi wodandaula, Chitakale, Mulanje

YANKHO: Pepani mayi. Tiyambe ndi pomwe ambiri amaphonya: mapointsi paokha si umboni woti pachitika chinyengo. Makirediti asanu ndi limodzi, kuphatikizapo Chingerezi, amangomulola mwana kupikisana nawo. Posankha amaonanso mmene wakhozera maphunziro ogwirizana ndi zomwe akufuna kukaphunzitsa. Wofuna kukaphunzitsa sayansi atapeza 6 pa masamu angagonje kwa mnzake wa 3, ngakhale mapointsi a mnzakeyo atachuluka. Mwinanso awiriwo sanafunsire kosi imodzi. Ena amagwa chifukwa cha fomu: nambala ya mayeso yolakwika, kapena lisiti la kubanki losatumizidwa.

Choncho lembani kaye kalata kwa omwe anasankhawo. Ilembedwe m'dzina la mwanayo, pakuti wokhudzidwa ndi iye. Ikanimo nambala yake ya mayeso, makosi omwe anasankha, ndipo mupemphe zifukwa zomusiyira molemba. Uku si kupempha chifundo ayi. Gawo 43 la malamulo oyendetsera dziko lino limati ofesi ya boma ikapanga chiganizo chokhudza ufulu wa munthu, imuuze zifukwa zake papepala. Kalatayo ijambulitseni, ndipo kope lanu alidinde chidindo cha tsiku lomwe ailandira. Yankho la pafoni simungalionetse woweruza.

Zifukwa zikakhala zosamveka, kapena akangoti zii, m'pamene khoti likubwera. Koma si la majisitireti pa Mulanje. Milandu younikanso chiganizo cha ofesi ya boma imamvedwa ku High Court, ndipo yapafupi ndi inu ili ku Blantyre. Mumayamba mwapempha chilolezo kwa woweruza, pasanathe miyezi itatu chitulukire mayina. Miyezi imeneyi siima kudikira yankho la kalata yanu, ndipo woweruza amaonjezera nthawi pokhapokha pali chifukwa chogwira mtima.

Dziwaninso kuti woweruza sasankha ophunzira. Amangoona ngati osankhawo anatsata ndondomeko yomwe analengeza, ngati panalibe tsankho lomwe gawo 20 limaletsa, komanso ngati chiganizocho n'chomveka. Mukapambana, kawirikawiri amalamula kuti fomu ya mwanayo iunikidwenso, osati kuti apatsidwe malo. Mukagonja, mungauzidwe kulipira zomwe mbali inayo yawononga pamlanduwo. Nkhani ya boma lomwe mwana amachokera musaidalire kwambiri, chifukwa njira ya kota inathetsedwa mu 2020.

Za loya, pitani ku Legal Aid Bureau, omwe amathandiza osowa ndalama atafufuza kapezedwe kawo. Ofesi ya Ombudsman imalandira madandaulo mwaulere, ndipo kwa ife imeneyi ndiyo njira yokuyenerani ngati vuto lili loti sakukuyankhani. Koma nkhani ikangolowa m'khoti, iwo saigwiranso.

Uku mukutsata zimenezi, mwanayo azitchera khutu ku malo a pa Domasi ndi pa Nalikule, komwenso amaphunzitsa aphunzitsi a kusekondale. Kudandaula sikumuletsa kufunsira kwina.