Laibulale kapena shopu? Yankho langa kwa achemwali a ku East Bank

Achemwali, funso lanu ndaliwona m'mawa koma ndati dzuwa lipendeke kaye, chifukwa kuno ku Ngabu mwezi uno foni ikumatentha m'manja ngati mbatata yootcha. Mwati komiti yachitukuko kwanuko ku East Bank, tsidya la kum'mawa kwa mtsinje wa Shire, yapatsidwa nyumba yakale pamsika, achinyamata akufuna ikhale laibulale, pomwe akuluakulu ena akuti masiku ano zonse zili pa foni, bola kuichititsa lendi kwa wa shopu izibweretsa kangachepe. Mwafunsanso kuti malaibulale aulerewa anayamba bwanji. Ine choko ndachigwira zaka zambiri m'chigwa muno, ku Chikwawa ndi ku Nsanje komwe, ndiye mundilole nditalikitseko.

Nyumba zosungiramo mabuku n'zakalekale, koma zinali za mafumu, ansembe ndi anthu achuma. Munthu wamba ankangodutsa panja. Ku Britain lamulo lolola matauni kutsegula malaibulale a wina aliyense linakhazikitsidwa mu 1850, ndipo aphungu awo anakangana ngati mmene mukukanganiramu, ena amvekere n'kuwononga misonkho. Lamulolo linatuluka lotsimphina. Linkakhudza matauni okhawo a anthu oposa 10,000, msonkho wake unali theka la peni pa paundi, ndipo choseketsa n'chakuti ndalamayo ankaloledwa kumangira nyumba ndi kulipira wogwiramo ntchito, koma kugula mabuku ayi. Mabuku azichokera kwa akufuna kwabwino. Mzinda wa Manchester unatsegula yake mu 1852 podalira zopereka, ndipo cholakwika chija anachikonza mu 1855.

Kenaka kunabwera Andrew Carnegie. Bamboyu anabadwira ku Dunfermline ku Scotland m'banja losauka, nasamukira ku America ali mnyamata. Akugwira ntchito yoperekera mauthenga a telegalamu, mkulu wina, Colonel James Anderson, ankalola anyamata apantchito kubwereka mabuku a m'nyumba mwake Loweruka lililonse. Carnegie atalemera ndi mafakitale a zitsulo sanaiwale. Pakati pa 1883 ndi 1929 ndalama zake zinamanga malaibulale 2,509, ambiri ku America, ena mpaka ku South Africa kuno. Koma apa ndi pamene ndikufuna a komiti atchere khutu: sankangopereka. Tauni yofuna nyumbayo inkayenera kupereka malo ndi kulonjeza kuti chaka ndi chaka izitulutsa m'thumba mwake ndalama yokwana gawo limodzi mwa magawo khumi a mtengo wa nyumbayo, yoyendetsera laibulale. Matauni ena anakana mphatsoyo poopa lonjezo limeneli. Ine ndimawalemekeza amene anakanawo kuposa amene amalandira chinthu n'kuchisiya chiwole.

Kwathu kuno mabuku anayamba kufala kudzera m'mamishoni, ku Blantyre, Livingstonia, Nkhoma, Likuni, komwe kunali makina osindikizira. Laibulale ya boma ya anthu onse, National Library Service, inakhazikitsidwa ndi lamulo la 1967 n'kuyamba ntchito mu 1968. Chaka cha 1968 chimenechi chimandichititsa chidwi. Ndi chaka chomwecho pamene kunabwera lamulo la Censorship Board, bungwe lomwe linaletsa mabuku ambirimbiri m'nthawi ya chipani chimodzi, moti dzanja lina limatsegula chitseko lina likuchotsa mabuku pa shelefu. Ndi chaka chomwechonso pamene Chichewa chinasankhidwa kukhala chiyankhulo cha dziko. Ife a kuchigwa tikudziwa zomwe zinatsatira: mwana wa ku Marka kapena ku Tengani woyamwa Chisena amafika ku sukulu n'kupeza kuti chiyankhulo cha amayi ake mulibe m'buku lililonse. Mfundo imeneyi ndibwereranso.

Mu 1994 pulayimale itakhala yaulere, ana analembetsa mwaunyinji, kuchoka pa 1.9 miliyoni kufika pafupifupi 3 miliyoni. Ndinalipo, tinkaphunzitsira pansi pa mitengo. Ana anaphunzira kuwerenga, koma choti awerenge akaweruka panalibe, ndipo mpaka lero m'nyumba zambiri buku lomwe mungalipeze ndi Baibulo ndi la nyimbo basi. Mwana wotere akafika Sitandade 5, pamene maphunziro onse asanduka a m'Chingerezi, amangoti kakasi.

Tsopano za foni. Sindikutsutsa, inenso ndikulemba pa foni. Koma tiwerengetsere bwino. Foni ya intaneti pakhomo imakhala imodzi, ya bambo, ndipo bambo akapita ku dimba kapena ku shifiti ku Nchalo amapita nayo. Bandulo ikatha nzeru zathera pomwepo. Kutchajitsa n'kolipira. Ndipo foni imakupatsa chimene wafunsa, pomwe mwana wa zaka 12 sadziwa n'komwe choti afunse. Pa shelefu amakumana ndi chinthu chimene samachifunafuna. William Kamkwamba wa ku Wimbe ku Kasungu anasiya sekondale chifukwa cha fizi nthawi ya njala ya 2002 ija. Ankakataya nthawi mu kalaibulale kakang'ono ka pa sukulu ya pulayimale, n'kupezamo buku la sayansi lokhala ndi chithunzi cha makina oyendera mphepo. Chingerezi chake chinali chopereweza, ankangotsatira zithunzi, koma anamanga makina opanga magetsi ndi zidutswa za njinga ndi mitengo ya bulugamu. Sikuti mwana aliyense adzakhala Kamkwamba, ayi. Chimene ndikunena n'chakuti amene anathandizika anali woti sukulu yamutaya kale, ndipo pakhomo paja sanamufunse yunifolomu kapena lisiti.

Ntchito yeniyeni ya laibulale ndi imeneyo. Pamsika paliponse mukakhala pansi pamafunika ndalama: mu vidiyo sho mulipire, mu tiyirumu mugule, ku bala musanene. Ku tchalitchi ndi ku mzikiti amapita eni ake. Laibulale ndi malo amene wa kabaza, mtsikana wa Fomu 4 ndi agogo opuma pantchito angakhale pa benchi limodzi wopanda wowafunsa kuti mwadzatani. Ganizirani mtsikana wa ku CDSS amene akukonzekera MSCE. Akafika kunyumba pali mtondo, pali mjigo, pali mwana woti abereke, usiku nyali palibe, udzudzu ndiye wosayamba. Kumupatsa maola awiri pamalo a mthunzi, popita mphepo, pomwe makolo akudziwa kuti ali pabwino, mwamupatsa chinthu chachikulu ngakhale mashelefu atakhala theka. Onjezanipo nyuzipepala imodzi patsiku kuti anyamata aziona ntchito zolengezedwa, timabuku ta alangizi ta thonje, mapira ndi ntchemberezandonda, ndi pomatapo zidziwitso za khonsolo ndi machenjezo a zanyengo.

Koma ndisakunamizeni, ndaonapo zikulephereka, ndipo inenso ndinali m'gulu lolepheretsalo. Pa sukulu ina yomwe ndinkaphunzitsa tinalandira makatoni a mabuku kuchokera kunja. Tinavina, tinajambulitsa, alendo anapita. Titatsegula tinapeza ambiri ndi okamba za chipale chofewa ndi mbiri ya matauni omwe sitinawamvepo. Abwino omwe analipo tinawatsekera mu ofesi poopa kuti ana ang'amba kapena aba, kiyi n'kumayenda m'thumba la munthu mmodzi. Patatha zaka ziwiri tinasuntha katoni ina, pansi pake n'kutsala dothi lokhalokha. Chiswe chinawerenga mabuku onse, ana osawerengako ngakhale limodzi. Chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere. Buku likang'ambika m'manja mwa mwana ndiye kuti lagwira ntchito yake, ife tinkaona ngati ndi tsoka.

N'chifukwa chake ndikuti mkangano wanu wayambira polakwika. Musayambe ndi nyumba kapena mabuku, yambani ndi munthu. Ndani azitsegula chitseko, masiku ati, ndipo azidya chiyani? Wodzipereka amalimba miyezi itatu, ikafika nthawi yolima kapena wapeza ganyu, loko pakhomo. Apa ndiye a lendi aja ali ndi mfundo, musawanyoze. Ngati nyumbayo ili ndi zipinda ziwiri, chimodzi chichititseni lendi, ndalamayo izilipira woyang'anira ndi kugula nyuzipepala, ndipo zilembedwe m'maminitsi a ADC, komiti yachitukuko cha dera ija, kuti komiti ikasintha wina asadzaikhotetse. Ndi lonjezo la Carnegie lija, kungoti m'makwacha. Mukatero lemberani kalata a National Library Service ku Lilongwe, amene amagwira ntchito ndi mabungwe ngati Book Aid International, muwapemphe mabuku ndi maphunziro a woyang'anirayo. Kalata yonena kuti munthu tili naye kale ndipo malipiro ake achokera apa imamveka mosiyana ndi yongopempha.

Za madzi sindingachite kukuphunzitsani inu a ku East Bank. Kusefukira kwa Januwale 2015, anamondwe Idai mu 2019, Ana mu 2022, Freddy mu 2023, nonse mukudziwa pamene madzi analekeza pa khoma. Muyang'ane chizindikiro chimenecho pa nyumbayo musanakhome shelefu ngakhale imodzi. Shelefu yapansi ikhale pamwamba pa mzerewo, italikirane ndi khoma chifukwa cha chiswe, ndipo mukhale ndi migolo ya pulasitiki yotsekeka yoti mulongedzemo mabuku ofunika chenjezo likangomveka. Moto nawonso ndi mdani: laibulale ya Mzuzu University inapsa mu Disembala 2015, mabuku pafupifupi 45,000 n'kusanduka phulusa usiku umodzi. Makandulo asalowemo, kasola kakang'ono n'kokwanira.

Ndibwerere ku Chisena ndi Chimang'anja kuja. Mbiri ya chigwa chino, ya a Lundu, ya Mbona ndi kachisi wa ku Khulubvi, ya Livingstone pofika kwa Chibisa mu 1859, ya Nsanje akutchedwa Port Herald, yambiri inalembedwa ndi alendo m'Chingerezi ndipo ili ku National Archives ku Zomba ndi m'mayunivesite akunja. Mdzukulu wa eni nkhaniyo sanaionepo. Apa foni ija ndiye igwire ntchito: achinyamata akufuna laibulalewo apite kwa agogo awo akajambule nthano, nyimbo za utse ndi valimba, mayina a nsomba za m'Shire, mmene ankakonzera nyika, mizu ya m'madzi ija, nthawi ya njala, alembe m'makope m'chiyankhulo chomwe agogowo ayankhula, makopewo akhale pa shelefu yawoyawo. Shelefu imeneyo palibe bungwe lakunja lingakutumizireni mu katoni.

Ine ndili ndi mabuku a Fomu 3 ndi 4 a Biology ndi Geography, ndi dikishonale imodzi yothothoka chikuto koma masamba onse alimo. Mukagwirizana za woyang'anira mundiuze ku inbox, ndidzapatsira wa minibasi awasiye pa Thabwa.